Ukwati wa Asisi Uli pa TV

Mlembi anafika pageti la kwa chibwenzi chake ali ndi pemphero limodzi lokha mumtima: magetsi azime. Munthu amene chaka chonse wakhala akuwatukwana amagetsi, lero ankawapempha kuti achite zimene amazidziwa bwino. Koma babu ya pakhonde inali ngwee masanasana, ngati ikumuseka.

Linali Loweruka. Faifi koloko madzulo TV imayenera kuonetsa gawo loyamba la sewero limene iye analemba. Chibwenzi chakecho, amene aliyense ankangomutcha Mzime poti ndiye womaliza kubadwa kwawo, anaona kuti tsiku lokamuonetsa kwa amayi ake ndi lomwelo. Mwamuna amene dzina lake likutuluka pa TV sachita kumufotokoza kwambiri.

M'mawa anali atalemberana pafoni.

"Amayi agula mabisiketi a mubokosi. Aitananso aneba. Usachedwe, ndipo jekete yako yofiira ija uisiye komweko."

"Bwanji tikaonere kwanga, awiriwiri?"

"TV yako ili ndi mzere wobiriwira pakati, anthu amaoneka ngati adulidwa. Ukuopa chiyani?"

"Pali chinthu chimene ndikufuna ndikuuze."

"Ngati ndi chakuti umandikonda, ndikudziwa kale. Ngati ndi china, ubwere nacho."

Anabweradi nacho, ndipo chinkamulemera kuposa maluwa amene ananyamula.

*

Zonse zinayamba ndi dayirekita wa sewerolo, bambo wa mimba yake amene sankawerenga tsamba lachiwiri la chilichonse.

"Woonera TV ndi munthu wopanda ulemu," ankatero. "Rimoti ili m'manja, mwana akulira, poto ali pamoto. Iwe ukamuyambira ndi dzuwa likutuluka, mtsikana akutsuka mano, basi wapita kumpira. Muyambire pakati pa ndewu! Asadziwe akumenyayo ndi ndani, asadziwe chifukwa chake. Kodi unamuonapo munthu akudutsa pamene anthu akukangana? Amaima, ngakhale akuthamangira kuchipatala."

Mlembi analemba chiyambi kasanu ndi kamodzi, ndipo kasanu ndi kamodzi dayirekita anapukutira mapepalawo tiyi wotayika patebulo. Ulendo wachisanu ndi chiwiri, mutu utauma gwa, anakumbukira nkhani ina.

Mzime anamuuza nkhaniyo pabenchi ya mupaki, akudyera limodzi ayisikilimu. Zaka zinayi zapitazo ukwati wa mkulu wake, Asisi, unafera muholo. Keke ili pafupi kudulidwa, munalowa mayi wina atagwira mwana padzanja. Anayenda mpaka kutsogolo, n'kumunyamula mwanayo, n'kumukhazika pamiyendo pa mkwati. "Apatse moni adadi," anatero. Zotsatira zake mipando inauluka, keke inagwa, mkwati anathawira kukhitchini osabwererako.

"Kwathu sititchula n'komwe," anatero Mzime, ayisikilimu ikusungunukira m'zala. "Iwe ndiwe woyamba kukuuza. Usauze munthu."

Mlembi analumbira. Ndipo kunena zoona sanauze munthu. Anangouza kamera.

Anayesetsa ndithu kubisa. Holo anaisandutsa dimba la maluwa, mwana mmodzi anakhala mapasa, mkwatibwi amene anali mphunzitsi anamulowetsa ntchito kubanki. Wakuba njinga naye amayamba waipenta. Dayirekita anawerenga mpaka tsamba lachitatu, chinthu chimene chinali chisanachitikepo.

"Izi ndiye zinthu! Koma mayi wa mapasayu anamuuza ndani tsiku ndi malo? Phokoso limamukhazika munthu pansi, koma chomubweza sabata yamawa ndi funso. Ndikufuna njoka ya m'nyumba momwemo."

Mlembi anakanda m'mutu n'kusankha munthu amene palibe angamuganizire: mng'ono wake wa mkwatibwi. Anaipeka ataimirira, cholembera chili kukamwa.

Kuchokera pamenepo anayesa katatu kuulula kwa Mzime. Koyamba Mzime anali ndi chimfine. Kachiwiri anali wosangalala kwambiri. Kachitatu panalibe chifukwa chilichonse, koma Mlembi anachipeza.

*

Mzime anatsegula geti atavala diresi yachikasu, akumwetulira mpaka m'maso. Nthawi yomweyo foni ya Mlembi inalira, ndipo Mzime, monga mwa chizolowezi chake, anaiwerenga mozondoka ili m'manja mwa mwini wake.

"Alembi anga, lero tiwala," anawerenga mokweza. "Ameneyu ndi uja wa nsidze zojambula, amene akusewera mkwatibwi? Unakhala wake liti?"

"Amatero kwa aliyense. Ngakhale woyendetsa galimoto ndi adalaivala anga."

"Nanga akuti chiyani m'munsimu?"

Mlembi anaiponya foni m'thumba. M'munsimo munalembedwa kuti: "Ukamuona mkwatibwi weniweni undiuze ngati ndafanana naye." Inde, nayenso anali atamuuza, tsiku lina pamene mtsikanayo ankalephera kulira bwino pa kamera. Ndiye kuti ngakhale chija chakuti sanauze munthu chinali bodza.

"Mzime, tamvera. Tisanalowe..."

"Kwatsala mphindi khumi. Ukaima pano Amayi aziti ukuopa agalu. Tiye."

*

Pabalaza panali ponunkhira polishi. Amayi, mzimayi wamfupi wa mawu aakulu, anakhala pampando wawo woyang'anizana ndi TV. Pambali pawo panali Aneba, amene anabwera ndi magalasi awiri, owerengera ndi oonera patali.

"Ndiye inu ndi amene mumalemba zimene anthu aja amalankhula?" anafunsa Amayi atatha kulonjerana. "Ine ndinkayesa amangonena za m'mutu mwawo."

"Timawalembera, Amayi."

"Ndiye amene amafa aja mumawapha ndinu?" anafunsa Aneba.

"Bwana akalamula."

"Eee, mwana wofatsa chonchi!"

Kenako analowa Asisi ndi thireyi ya tiyi. Mlembi ankaganiza kuti adzaona munthu wowawidwa mtima, wa nkhope yokwinya, kuti mwina mlandu ungapepuke. Koma anali mkazi wamtali wodekha, choko chikuonekabe m'zikhadabo, ndipo anamuseka mwaubale.

"Alamu, shuga masupuni angati?"

"Awiri."

"Ndikuikirani atatu. Musaope, kuno sitiluma alendo tsiku loyamba."

Tiyiyo anamuwawa ngati mankhwala. Ataona rimoti pasofa, anaikhalira mwakachetechete. Panapita mphindi ziwiri anthu akutukula makushoni, mpaka Mzime anamuyang'ana m'maso n'kunena kuti, "Taimirira."

*

Sewerolo linayamba popanda nyimbo, popanda dzina. Chinthu choyamba kuoneka chinali keke ili m'malere. Inagwera pamutu pa bambo wa suti. Mkwatibwi anadutsa akuthamanga, nsapato imodzi kuphazi, ina m'manja. Mapasa ankalira, woimba gitala ankadzitchinjiriza ndi gitala yake, ndipo gogo wina ankalongedza nyama m'chikwama mosapupuluma.

"Uyu ndi ndani? Akumumenyeranji?" anakuwa Aneba.

"Takhalani chete tione!" anatero Amayi, bisiketi itaima panjira yopita kukamwa.

Dayirekita sananame. Anthu onse anayi anasendera kutsogolo kwa mipando. Ndipo Mlembi, Mulungu amukhululukire, anamva kukoma. Kwa kamphindi anaiwala kuti ndi wakuba, anangomva kuti ndi katswiri.

Kenako panatuluka mawu akuti "Mphindi khumi m'mbuyomo," ndipo sewero linabwerera poyambira. Alendo ali phee, keke ili chilili. Mayi wina analowa m'dimbamo ndi mapasa, n'kuwakhazika pamiyendo pa mkwati, wina uku wina uku.

Aneba anaseka kamodzi, kuseka kwake n'kuthera pakhosi. Iwo pa ukwati wa Asisi analipo, ndipo anali m'gulu lodula keke.

Mwina zikanatha choncho, aliyense n'kumadziuza kuti amuna otere ndi ambiri. Koma pa TV mayi wa mkwatibwi anakwera pampando, nsapato zili kuphazi, n'kukalipira oimba: "Zimitsani nyimbozo! Mwana wanga akulira, inu mukufuna avine?"

Mlembi anasintha holo, anasintha mwana, anasintha ntchito. Mawu amenewa anawayesa kuwasintha kangapo, koma chilichonse chimene ankalemba chinkachepa. Anali okoma kwambiri moti anawasiya momwemo, monga mmene Mzime anamuuzira pabenchi paja.

Amayi anaika bisiketi pambale pang'onopang'ono.

"Ine ndasiya nyemba pamoto," anatero Aneba, n'kunyamuka. Anafika pakhomo, anagwira chitseko, n'kuima pomwepo maso ali pa TV.

Amayi anatambasula dzanja kuti atenge rimoti.

"Isiyeni, Amayi," anatero Asisi. Mawu awo anali osalala ngati akuitana mayina m'kalasi. "Tsiku lija ine sindinaone kanthu. Kumaso kunali velo ndi misozi. Lero ndionereko nanenso."

Panabwera malonda a sopo. Mayi wa pa TV ankasangalala kuti malaya a mwamuna wake ayera, ndipo pabalazapo panalibe amene ankapuma.

"Abambo," anatero Amayi osamuyang'ana Mlembi, "mawu aja munawatenga kuti?"



"Kwa ine," anayankha Mzime. "Ndinamuuza ndine."

Sanamuyang'ane nayenso. Anangochotsa bondo lake limene linkakhudzana ndi la Mlembi.

Sewero linabwerera. Anthu anathamangitsana, mkwatibwi anadzitsekera m'galimoto. Mlembi ankawerenga mphindi zotsala ngati wodwala dzino ali pampando wa dokotala. Chomaliza chinafika: mng'ono wa mkwatibwi, atavala diresi ya operekeza, analowa m'bafa n'kukhoma chitseko. Anatulutsa foni, anafufuta nambala ina, n'kudziyang'ana pagalasi nthawi yaitali. Mdima. Kenako dzina la Mlembi, zilembo zikuluzikulu zoyera.

"Hiii! Ndi mng'ono wake!" anakuwa Aneba pakhomo paja. "Likubweranso liti?" Atazindikira pamene ali, anatuluka osatsanzika.

Mzime anasonkhanitsa makapu, onse ali odzaza, n'kupita nawo kukhitchini.

"Inu abambo," anatero Amayi, "ine ndinakwera pampando paja chifukwa mwana wanga ankafa ndi manyazi. Lero mwandikwezaponso kuti dziko lonse liseke. M'nyumba muno mwalowa kawiri lero lomwe, koyamba ndi komaliza. Katsanzikeni."

*

Mlembi anamupeza Mzime ataima pasinki, mpopi ukutuluka madzi, iye osatsuka kanthu.

"Mzime, ndalakwa. Ndilibe chonena. Ndinayesa kukuuza..."

"Unamva kwa ndani?"

"Kwa iwe, pabenchi paja. Ndikudziwa ndinalumbira."

"Sindikunena za ukwati." Anatseka mpopi. Anatembenuka, ndipo nkhope imene Mlembi ankayembekezera, yaukali, panalibe. Panali mantha. "Za foni. Za m'bafa. Anakuuza ndani?"

"Palibe. Ndinangopeka. Dayirekita ankafuna munthu woti..."

Anasiyira pomwepo. Firiji inkalira pakona.

"Ayi," anatero Mlembi.

"Tsitsa mawu."

"Mzime, unali iweyo?"

Mzime anakhala pampando wa pulasitiki, manja ali pakati pa mawondo. Analankhula monong'ona, mofulumira, ngati munthu amene mawuwo wakhala akuwabwereza yekha zaka zambiri.

"Kutatsala milungu iwiri ndinawaona alamu aja kuchipatala, atanyamula mwana, mayiyo ali pambali. Ndinawauza Asisi kuti tachedwetsaniko ukwatiwu. Anati ndili ndi nsanje poti ine ndilibe wondifunsira. Ndinawauza Amayi kuti bamboyu mwamufufuza? Anati makadi tagawa kale. Ndiye ndinafunafuna nambala ya mayiyo, n'kumuimbira kumuuza za ukwatiwo. Ndinkaganiza kuti akamukalipira mwamunayo kunyumba, ukwati n'kuimitsidwa mwakachetechete. Sindinkadziwa kuti adikira mpaka keke."

"Koma unawapulumutsa."

"Unawaona Asisi chaka chimene chija? Miyezi itatu osatuluka m'chipinda. Ana asukulu ankawaimbira nyimbo ya ukwati akamadutsa. Mpaka lero amati amene anachita zija anali ndi pakamwa, akanatha kubwera kwa iwo, koma anasankha kuwavula pagulu. Amaganiza kuti anali achibale a mwamunayo." Anapukuta m'maso ndi kansalu kopukutira mbale. "Zaka zinayi ndasunga. Iwe wazipeza bwanji?"

"Ndinangofuna munthu amene palibe angamuganizire."

"Wachita bwino. Tsopano akumuganizira."

Mlembi anagwada pasimenti, suti ndi suti yomwe. Anafuna kumugwira dzanja koma anaopa.

"Ndikauza dayirekita tisinthe. Gawo lachiwiri tinena kuti mtsikanayo amafufuta nambala ya chibwenzi chake."

"Munajambula kale magawo angati?"

"Khumi ndi awiri."

"Ndipo mng'onoyo zimamuthera bwanji?"

M'gawo lachisanu ndi chinayi mkwatibwi amamuthira mng'ono wake madzi a mopu n'kumuuza kuti kwa iye anafa. Dayirekita anaombera m'manja tsiku limenelo.

"Amakhululukirana," ananama Mlembi.

"Nanga wa nsidze uja? Akudziwa kuti ndi nkhani yathu?"

Apa Mlembi anavomera ndi mutu, ndipo Mzime anaseka kuseka kopanda mano.

"Ndinakupatsa chinthu chimodzi chokha choti undisungire. Chimodzi. Ukanaba foni yanga bwenzi ndikukumvetsa."

*

"Alamu, dzukani, muthimbiriza thalauza."

Asisi anali ataima pakhomo la khitchini, thireyi yopanda kanthu ili m'manja. Palibe anadziwa kuti afika nthawi yanji. Anaika thireyi pamwamba pa firiji n'kutsamira khoma.

"Mtsikana wanu uja amathamanga bwino," anatero. "Koma ine sindinavule nsapato. Ndipo gogo wa nyama uja anali azakhali athu, mukanawasiya, ndi achikulire."

"Asisi, pepani. Palibe chimene ndinganene choti..."

"Palibedi. Ndili ndi funso limodzi basi, ndipo mundiyankhe ngati munthu, osati ngati wolemba masewero. Zija za mng'ono ndi foni m'bafa, munachita kumva kapena munapeka?"

Mlembi anamva Mzime akusiya kupuma kumbuyo kwake.

"Ndinapeka," anatero. "Ndikulumbira. Palibe anandiuza."

Chinali choona chenicheni, ndipo chinamuwawa kuposa mabodza onse, chifukwa ankadziwa chimene chikubisa.

Asisi anamuyang'ana nthawi yaitali, monga amayang'anira mwana amene wapeza ansa yolondola koma njira yake sikuoneka. Kenako anayang'ana mng'ono wawo, amene ankapukuta kapu youma kale.

"Ndakukhulupirirani," anatero. "Muli ndi mutu wabwino, alamu. Ine zaka zinayi ndakhala ndikudana ndi anthu a kwa mwamuna uja, ndikakumana nawo mumsewu ndimawoloka. Sindinaganizepo zoyang'ana m'nyumba mwathu muno. Ndiponso sindinaganizepo chinthu chophweka kwambiri: kungomufunsa mwini wake."

Anatulutsa foni m'thumba la siketi.

"Mayi uja anandilembera chaka chatha kupepesa. Nayenso mwamuna uja anamusiya, ndi ana awiri tsopano. Sindinamuyankhe, koma nambala sindinafufute. Ine sindifufuta manambala."

"Asisi," anatero Mzime, "zinapita zija. Mukudzivutitsiranji?"

"Ndimayesa zinapita. Koma ndaziona pa TV pompano, zili bwinobwino." Anakoka mpando wina n'kukhala. "Alamu, Amayi akuti muzipita, koma dikirani pang'ono. Mwayambitsa ndinu."

Anadina nambala, anakweza mawu a foni kuti onse amve, n'kuiika patebulo pakati pa makapu.

Inaitana kamodzi. Kawiri. Mzime anagwira dzanja la Mlembi kunsi kwa tebulo, zikhadabo zikulowa m'khungu. Mlembi sanadziwe ngati akumugwira kuti amuthandize kapena kuti amupweteke, koma sanalichotse.

Kachitatu. Kachinayi.

"Halo?" anayankha mawu a mzimayi, ana akusokosera kumbuyo kwake. "Ndani?"

"Ndine uja munandipeza ndi keke," anatero Asisi.

Kenako mayiyo anauza ana kuti atuluke panja, chitseko chinatsekedwa, ndipo anabwerera pafoni akupuma mwamphamvu.

"Ndimadziwa kuti muimba," anatero. "Inenso ndimaonera."